Nkhani Yotikomera Nayonso Iyesedwe pa Sikelo



Abale ndi alongo m'Chisilamu, tonse timadziwa kuti kusala kwa Ramadhan sikuthera pa mimba. Lilime nalo limasala. Mashehe amatikumbutsa za miseche, za kutukwana ndi za umboni wonama. Koma pali bodza la mtundu wina limene limadutsa mwezi wonse osagwidwa, chifukwa wolinena sadziwa kuti akunama. Ili ndi bodza la nkhani zimene "aliyense amazidziwa", zija tinazimva kwa agogo, kwa anzathu kusukulu kapena pa WhatsApp, ndipo tinazisenza osafunsa kumene zachokera.

Ife a ku Geisha kuno ku Mzuzu nkhani zoterezi timakumana nazo kawirikawiri, pakuti kumpoto kuno Asilamu tilipo ochepa. Ana athu amakhala m'kalasi limodzi ndi ana a CCAP, a Katolika ndi a mipingo ina. Amayi athu amatunga madzi pa mpope umodzi ndi anansi a zipembedzo zina, ndipo pa maliro timakumba manda limodzi. Pa kukhalirana kotere mwana amabwera kunyumba atamva zinthu zitatu: kuti Chisilamu n'cha Ayao, kuti Asilamu ndiwo anabweretsa ukapolo, ndi kuti Asilamu sakonda sukulu. Kholo limapsa mtima, ndipo nthawi zambiri limamupatsa mwana mayankho atatu omwenso sali oona: kuti palibe Msilamu anagulitsapo kapolo, kuti zonsezo anapeka ndi azungu, ndi kuti ife tilipo pafupifupi theka la dziko koma boma limabisa.

Mfundo yathu ndi imodzi. Sitingathe kuchotsa bodza lotinyoza pogwiritsa ntchito bodza lotikometsa. Sikelo imene timayesera nkhani za otinena ndi yomweyo imene tiyenera kuyesera nkhani zotisangalatsa.

Chitsanzo cha zimenezi anatisiyira ndi Mtumiki Muhammad (swalla Allahu alayhi wasallam) mwini wake. M'chaka cha 10 chisamukireni ku Madina, mwana wake wamng'ono Ibrahim anamwalira, ndipo tsiku lomwelo kunachitika kadamsana. Anthu anayamba kunena kuti dzuwa lada chifukwa cha imfa ya mwana wa Mtumiki. Taonani, nkhani iyi sinali yonyoza. Inali yomukweza, ndipo ikanakopa anthu ambiri. Bambo wolira mwana akanatha kungokhala chete. Iye sanakhale chete. Anaimirira pamaso pa anthu n'kuwauza kuti kadamsana alibe chochita ndi imfa kapena kubadwa kwa munthu aliyense, ndipo anawalozera ku swala. Ngati iye anakana nthano yomukomera pa tsiku la maliro a mwana wake, ife tingasunge bwanji nthano zotikomera pa chifukwa chongofuna kupambana mkangano wa pamsika?

Ma ulama athu akale anamanga maphunziro athunthu pa khalidwe limeneli. Ndime ya 6 ya Sura ya 49 imatilamula kufufuza nkhani tisanachitepo kanthu. Imam Bukhari, amene anamwalira mu 870, ndi Imam Muslim, amene anamwalira mu 875, sankalandira hadith chifukwa chakuti mawu ake ndi okoma. Ankafunsa kuti wanena ndani, iye anamva kwa yani, kodi awiriwo anakhalapo nthawi imodzi, kodi wonenayo ankadziwika ndi chilungamo ndi kukumbukira bwino. Hadith zambiri zopeka zinali zotamanda zinthu zabwino, koma anazitaya. Pambuyo pake Ibn Khaldun, wobadwira ku Tunis mu 1332 n'kumwalirira ku Cairo mu 1406, anatengera funso lomweli ku mbiri yakale. M'buku lake la Muqaddimah la mu 1377 anadzudzula olemba mbiri anzake achisilamu, kuphatikizapo al-Mas'udi, chifukwa chokopera ziwerengero zikuluzikulu za asilikali osafunsa ngati dzikolo likanatha kuwadyetsa kapena ngati mtsogoleri mmodzi akanatha kuwalamula pa bwalo la nkhondo. Kufufuza nkhani si mwambo umene tinabwereka kwa azungu. Ndi chuma cha m'nyumba mwathu.

Tsono tiyeni titenge nkhani zitatu zija imodzi ndi imodzi, kuyamba ndi yowawa kwambiri.

Munthu wa kumpoto akamva za Chisilamu ndi ukapolo, dzina limene limamufikira ndi la Mlozi. Mlozi anali wamalonda wa Chiswahili amene anamanga linga lake ku Mpata, kufupi ndi Karonga, m'zaka za m'ma 1880, pamodzi ndi anzake Kopakopa ndi Msalemu. Mu 1887 anthu ake anaukira Ankhonde. Ambiri anathawira m'bango la m'dambo la Kambwe, ndipo bangolo linayatsidwa moto. Amene anapulumuka moto ena anaphedwa, ena anagwidwa ukapolo. Nkhondo ya iye ndi kampani ya African Lakes, imene tonse timaidziwa kuti Mandala, inatenga kuyambira 1887 mpaka 1889. Mu December 1895 asilikali a Harry Johnston anagumula linga la Mpata, Mlozi anazengedwa mlandu pamaso pa mafumu a Ankhonde n'kupachikidwa. Kummwera kwathu, ku Nkhotakota, Salim bin Abdallah, Jumbe woyamba, anakhazikika cha m'ma 1840. Kuchokera padoko limenelo zombo zinkawolotsa anthu zikwizikwi kupita kutsidya kwa nyanja, kumene ankayamba ulendo wa pansi wopita ku Kilwa, ndipo ambiri ankafera m'njira.

Izi zinachitika. Anthu amene anazichita ankadzitcha Asilamu, ndipo ena a iwo ankamanga mizikiti. Mwana wathu akakaima m'kalasi n'kunena kuti zonsezi n'zopeka, mnzake wa ku Karonga amene agogo ake anamusimbira za Kambwe sadzamukhulupiriranso pa nkhani ina iliyonse, ngakhale ya dini.

Koma nkhani yakuti Asilamu ndiwo anabweretsa ukapolo nayo siima ikayesedwa. Ayao ankayenda malonda a minyanga ndi akapolo kupita ku Kilwa ndi ku chilumba cha Mozambique zaka zambiri mafumu awo asanalowe Chisilamu. Makanjira analowa cha m'ma 1870, malondawo atakula kale. Ku Zambezi, Achikunda ankagwira anthu m'malo mwa eni minda a Chipwitikizi. Akapolo a m'dera lathu lino ena ankakathera m'minda ya Aluya ku Zanzibar ndi ku Pemba, ena m'minda ya nzimbe ya Afalansa pa zilumba za m'nyanja ya India, enanso ku Brazil. Angoni atawoloka Zambezi mu 1835 ankagwira anthu pa nkhondo n'kuwalowetsa m'midzi yawo. Pa nkhondo ya ku Karonga gulu la Ahenga linamenya kumbali ya Mlozi, pamene Jumbe wachitatu wa ku Nkhotakota, Msilamu, anachita pangano ndi Johnston mu 1889 n'kukhala bwenzi la Angerezi. Ngakhale a Mandala, asanayambane ndi Mlozi, ankagula minyanga kwa amalonda a Chiswahili omwewo pa sitolo yawo ya ku Karonga. Ndipo kunyanja ya Atlantic, zombo za mayiko a ku Ulaya ndi a ku America zinanyamula anthu a mu Africa oposa 12 miliyoni. Mzere wolekanitsa ogwira ndi ogwidwa sunadutse pakati pa mzikiti ndi tchalitchi. Unadutsa pakati pa amene anali ndi mfuti ndi amene analibe.

Nanga dini yokhayo inanena chiyani? Apanso tinene zonse. Malamulo a fiqh analola ukapolo kwa zaka mazana ambiri, monga momwe malamulo a mayiko achikhristu anaulolera. Tunisia inauthetsa mu 1846, dziko la United States lisanatero mu 1865 ndi Brazil mu 1888. Koma Saudi Arabia inachedwa mpaka 1962 ndipo Mauritania mpaka 1981. Nthawi yomweyo, kuombola akapolo ndi imodzi mwa njira zisanu ndi zitatu zogwiritsira ntchito zakat. Dipo loyamba la munthu amene waononga dala swaumu ya Ramadhan pokhala malo amodzi ndi mkazi wake masana linali kumasula kapolo. Hadith ya mu Bukhari imaika wogwira mfulu n'kumugulitsa pakati pa anthu amene Allah adzatsutsana nawo pa tsiku la chiweruzo. Bilal, woitanira swala woyamba, anali kapolo amene Abu Bakr anamuombola. Ahmad Baba wa ku Timbuktu analemba mu 1615 kukana ganizo lakuti khungu lakuda ndi chifukwa chogwirira munthu ukapolo. Choncho kuotcha bango muli amayi ndi ana, n'kugwira afulu m'midzi yawo kuti akasinthanitsidwe ndi nsalu ndi wonga, sikukanaloledwa ngakhale ndi malamulo a nthawi imeneyo. Mwana wathu angathe kunena molimba mtima kuti: inde, Mlozi anachita zimenezo, anali wolakwa, ndipo dini yake yomwe ikumutsutsa. Yankho limeneli palibe angaligwetse.

Nkhani yachiwiri ndi yakuti Chisilamu n'cha Ayao. N'zoona kuti Asilamu ambiri m'Malawi ndi Ayao, ndipo maboma a Mangochi ndi Machinga ndiwo ali ndi Asilamu ochuluka. N'zoonanso kuti mashehe amene anafalitsa dini m'midzi, monga Shehe Abdallah bin Haji Mkwanda amene anamwalira mu 1930 ndi Shehe Thabit bin Muhammad Ngaunje amene anamwalira mu 1959, anagwira ntchito yawo yaikulu pakati pa Ayao. Koma Chisilamu chinafika ku Nkhotakota, pakati pa Achewa, Makanjira asanalowe, ndipo Achewa achisilamu a kumeneko alipo mpaka lero. Dr Cassim Chilumpha, amene anali wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko kuyambira 2004 mpaka 2009, kwawo ndi ku Nkhotakota. Komanso si Myao aliyense ali Msilamu. Ku Zomba, ku Chiradzulu ndi ku Blantyre kuli mabanja achiyao amene akhala achikhristu kwa mibadwo ingapo. Buku lodziwika la mbiri ya Ayao, Chiikala cha Wayao la mu 1919, analemba ndi Yohanna Abdallah, wansembe wa Anglican.

Nthano iyi imatipweteka pawiri. Kunja imachititsa Mtumbuka, Mtonga kapena Mnkhonde kuganiza kuti kulowa Chisilamu ndi kusiya mtundu wake. M'kati imachititsa kuti m'bale amene wangolowa kumene akafika pa mzikiti apeze macheza onse, nthawi zina ndi ulaliki womwe, zili m'chinenero chimene samva, ngati kuti wabwera pa mwambo wa eni ake. Mu mzinda umene anthu ambiri amalankhula Chitumbuka, funso lakuti tili ndi mabuku angati ndi aphunzitsi angati a madrasa odziwa Chitumbuka ndi lofunika kuposa kudandaula kuti anthu amatitcha Achawa. Ndipo pa nkhani ya maina pali chodabwitsa: anthu ena amatitcha Anasala, chikhalirecho m'Chiarabu ndi m'Chiswahili Nasara ndi dzina la Akhristu. Dzina lingathe kuyenda mibadwo lili chagada popanda wina wolitembenuza.

Pa chiwerengero, kalembera wa 2018 anapeza anthu oposa 17.5 miliyoni m'dziko muno, ndipo 13.8 peresenti ya iwo, anthu oposa 2.4 miliyoni, anati ndi Asilamu. Pakati pathu pamamveka manambala ena, 30 peresenti, nthawi zina kuposa apo. Kalembera angathe kulakwitsa, ndipo amene akukayikira ali ndi ufulu wofunsa momwe anawerengera. Koma funso la Ibn Khaldun limabwerera kwa ife: nambala inayo anawerenga ndani, liti, m'maboma ati? Munthu amene akukhala ku Mangochi n'zosavuta kuganiza kuti dziko lonse lili ngati kwawo. Ife amene timayenda mu Chibavi, Mchengautuwa, Zolozolo ndi Luwinga tikuona ndi maso athu kuti sizili choncho. Ufulu wathu wopembedza, wa mwana wathu wamkazi kuvala hijab ndi wa tchuthi cha Eid sudalira kuti tikhale ambiri. Anthu 2.4 miliyoni safunika kudzichulukitsa pakamwa kuti amvedwe.

Nkhani yachitatu ndi ya sukulu. Boma la atsamunda linakhazikitsa nthambi ya maphunziro mu 1926. Kufikira pamenepo, ndiponso zaka zambiri pambuyo pake, sukulu pafupifupi zonse zinali m'manja mwa mishoni. Kumpoto kuno mishoni ya Livingstonia ya Robert Laws, imene inakhazikika ku Khondowe mu 1894, inatulutsa aphunzitsi, makalaliki ndi amisiri amene anafalikira mpaka ku Zambia, Zimbabwe ndi South Africa. Sukulu za mishoni zinali khomo la ubatizo, ndipo makolo achisilamu ambiri anakaniza ana awo poopa kuti akasintha dzina ndi dini. Sanali odana ndi kuphunzira. Mafumu achiyao ankasunga alembi olemba makalata m'Chiswahili ndi zilembo za Chiarabu, ndipo anyamata ankayenda pansi mitunda italiitali kutsata shehe kuti aphunzire Qur'an. Chimene anakana ndi mtengo umene sukuluyo inkalipiritsa.

Mbali imeneyi timakonda kuifotokoza, ndipo ndi yoona. Mbali inayo ndi yakuti chisankho chimenecho chinasiya madera athu m'mbuyo, ndipo chifukwa chake chinatha kalekale. Maphunziro a pulayimale akhala aulere kuyambira 1994, pansi pa mtsogoleri wachisilamu, Dr Bakili Muluzi. Yunivesite ya Mzuzu ili mu mzinda wathu womwe uno. Mnyamata akasiya sukulu ali Fomu 2 kuti akasake mwayi ku Joni, kapena mtsikana akakwatiwa asanalembe mayeso a Sitandade 8, Robert Laws alibepo mlandu. Mbiri yoona ikamagwiritsidwa ntchito ngati chofunda cha mavuto a lero, nayo yasanduka nthano.

Zomwezi zimachitika m'kati mwa kupembedza kwathu, pamene mwambo ndi dini zalukana mpaka osasiyanitsika. Mdulidwe ndi sunna, koma si zonse zochitika ku ndagala za jando zimene zinachokera m'mabuku a dini; zambiri ndi mwambo wa makolo, zina zabwino, zina zofunika kuziunika. Mwezi uno timaona anthu akulavula m'misewu ndi pa mawindo a minibasi poganiza kuti kumeza malovu kumamasula swaumu, chonsecho ma ulama amagwirizana kuti malovu a munthu mwini samasula. Kwa Imam Shafi'i, amene ambiri kuno timamutsatira, wodya moiwala amapitiriza kusala kwake. Choopsa kwambiri ndi chikhulupiriro chakuti wodwala akamasula ndiye kuti imani yake ndi yofooka. Qur'an inapereka chilolezo kwa wodwala ndi wapaulendo. Mayi wa matenda a shuga amene akukomoka masana chifukwa choopa pakamwa pa anansi sakumvera Allah, akumvera nthano.

Ifenso timasenza nthano za anthu ena. Dzina la dera lathu lino ambiri timalidziwa pa sopo, koma ku Japan mawu akuti geisha amatanthauza munthu wa luso, mkazi amene waphunzira kwa zaka kuimba, kuvina ndi kuchereza alendo, ngakhale kunja kwa dzikolo anthu ambiri amangoti ndi oyendayenda. Ngati mtundu wakutali chotero umanenedwa molakwika, kuli bwanji mnansi amene timamuona tsiku ndi tsiku koma sitinamufunsepo chimene amakhulupirira? Tisanauze ana athu zimene Akhristu amapembedza kapena zimene zimachitika ku vimbuza, tidzifunse ngati eni akewo angazivomere kuti ndi zawo. Akuluakulu anati kandimverere anakanena za m'maluwa.

Wina anena kuti: kodi povomera za Mlozi ndi za Jumbe sitikupereka mpeni kwa amene amatinyoza kale? Nkhawa iyi ndi yomveka, makamaka kwa anthu ochepa pakati pa ambiri. Koma mpeniwo ali nawo kale. Uli m'mabuku a sukulu ndi m'nyumba yosungira za makedzana ya ku Karonga. Chimene chatsala m'manja mwathu ndi kusankha kumene mwana wathu akamvere nkhaniyi koyamba. Akaimva kwa bambo ake, yonse, ndi mbali zake zonse, adzaima nayo. Akauzidwa kunyumba kuti n'zabodza kenako n'kukapeza umboni ku yunivesite, sadzangokayikira za Mlozi zokha. Adzafunsa kuti n'chiyani china chimene anandibisira, ndipo funso limenelo lachotsa achinyamata ambiri pa mzere wa swala kuposa chipongwe cha munthu wakunja.

Choncho pa masiku otsala a mwezi uno tikupempha zinthu zochepa zotheka. Uthenga ukafika pa foni wonena kuti wasayansi wakuti walowa Chisilamu, kapena kuti ukautumiza kwa anthu 10 upeza madalitso, tiufunse mafunso a Imam Bukhari tisanaupatse wina. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Tikamaliza kufutulu, tarawehe isanakwane, tipatule usiku umodzi wokamba ndi ana mbiri ya Chisilamu m'Malawi, ya mashehe ndi ya amalonda a akapolo yomwe. Ophunzira a kusekondale ndi a ku Mzuni afunse aphunzitsi awo a mbiri mabuku oti awerenge, ndipo makomiti a madrasa aganizire zotenga ana ulendo wa ku Karonga kapena ku Nkhotakota tchuthi chikubwerachi. Pa nkhani za swaumu tifunse shehe wophunzira, ndipo wodwala afunsenso dokotala. Ndipo pa Eid, mbale ya mpunga ikamapita kwa mnansi wa mpingo wina, ipite ndi mtima wokonzeka kumva funso lake lovuta popanda kukwiya ndiponso popanda kunama.

Tikupempha Allah ationetse choona kuti ndi choona ngakhale chikhale chotiwawa, ationetse bodza kuti ndi bodza ngakhale likhale lotikomera, awachitire chilungamo onse amene anaponderezedwa m'dziko lino, ndipo alandire kusala kwathu ndi kuima kwathu kwa usiku. Ameen.

Wassalam alaykum warahmatullahi wabarakatuh.